Abebe Bikila, Katswiri wa Liŵiro

Kumpoto chakum'maŵa kwa Africa kuli dziko lamapiri lotchedwa Ethiopia. Likulu lake ndi mzinda wa Addis Ababa. Dzikoli lidatchuka kwambiri chifukwa cha amuna ndi akazi ake othamanga mitunda italiitali, koma mbiri imeneyi idayamba ndi munthu mmodzi. Chisanafike chaka cha 1960, padalibe munthu wakuda wochokera kum'mwera kwa chipululu cha Sahara amene adalandirapo mendulo ya golide pa maseŵera a Olimpiki, omwe amasonkhanitsa akatswiri a maiko onse zaka zinayi zilizonse. Amene adalambula njira adali msilikali wamba, mwana wa munthu woŵeta nkhosa, dzina lake Abebe Bikila.

Abebe adabadwa pa 7 Ogasiti 1932 m'mudzi wa Jato, m'chigaŵo cha Shewa. Makolo ake adali anthu osauka. Mwanayu adakula akuthandiza kuŵeta ziŵeto m'mapiri, ndipo monga ana ena a m'midzi ya kumeneko adazoloŵera kuyenda maulendo aatali pansi. Ankakondanso maseŵera achikhalidwe chao otchedwa gena. Pa maseŵeraŵa magulu aŵiri amalimbirana kampira pokamenya ndi ndodo zopindika kumapeto, ndipo amathamanga pa bwalo lalitali zedi.

Ubwana wake sudali wamtendere. M'chaka cha 1935, Abebe ali ndi zaka zitatu zokha, asilikali a dziko la Italy, motumidwa ndi mtsogoleri wao Benito Mussolini, adathira nkhondo dziko la Ethiopia. Anthu ambiri adaphedwa. Mfumu Haile Selassie idathaŵira ku England, ndipo banja la Abebe lidasamuka m'mudzi mwao kukabisala kwina. Adaniwo adafunkhanso chuma cha dzikolo. China mwa zimene adatenga chidali chipilala chachitali chamwala cha mumzinda wakale wa Axum, chimene adapita nacho kwao m'chaka cha 1937 nakachiimika mumzinda wa Rome. Ataliyana adathamangitsidwa m'chaka cha 1941, koma chipilala chija chidatsalira komweko.

Atakula, Abebe adapita ku Addis Ababa, kumene adalembedwa usilikali m'gulu lolondera mfumu. Kumeneko luso lake lidayamba kuonekera. Ankathamanga m'mapiri a Sululta, kumpoto kwa mzindawo, tsiku ndi tsiku. Addis Ababa ali pamalo okwera mamita oposa 2,300 kuchokera pamene pamalekezera madzi a m'nyanja yamchere. Pamalo otere mpweya umakhala wochepa mphamvu, kotero kuti mlendo amachita befu akangothamanga pang'ono. Koma munthu wokulira komweko thupi lake limazoloŵera, ndipo akatsikira ku maiko achidikha sachedwa kupeza kuti akutha kuthamanga nthaŵi yaitali osatopa.

M'masiku amenewo boma la Ethiopia lidali litalemba ntchito mphunzitsi wa maseŵera wa ku Sweden, dzina lake Onni Niskanen. Iyeyu ataona Abebe adazindikira kuti mwa msilikali wowondayu mudali mphatso yofunika kuisula. Adamphunzitsa kusunga mphamvu poyamba mpikisano ndi kuonjezera liŵiro pamene anzake ayamba kulefuka. Masiku ena Abebe ankathamanga mtunda wautali, masiku ena mitunda yaifupi mwaliŵiro lalikulu mobwerezabwereza. Mpikisano umene ankakonzekera udali wa marathon, wa makilomita 42 ndi mamita 195. Dzinali lidachokera ku malo otchedwa Marathon m'dziko la Greece. Nthano ya Agriki imasimba za mthenga amene adathamanga kuchokera kumeneko mpaka ku Athens kukanena kuti asilikali ao apambana nkhondo.

M'chaka cha 1960 maseŵera a Olimpiki adachitikira ku Rome, likulu la dziko lomwe lija lidazunza Ethiopia zaka 25 m'mbuyomo. Abebe adasankhidwa kukaimira dziko lake. Atafika kumeneko adapeza nsapato zatsopano, koma sizidamkhale bwino ndipo zidamtulutsa matuza. Choncho adatsimikiza mtima kuthamanga wopanda nsapato, monga momwe ankachitira kwao. Anthu ambiri amene adamuona ataima pakati pa akatswiri anzake, atavala nambala 11, mapazi ali pamtunda, sadamŵerengere nkomwe. Ngakhale dzina lake lidali lachilendo kwa iwo.

Mpikisanowo udachitika Loŵeruka pa 10 Seputembala. Pofuna kupeŵa kutentha, udayamba dzuŵa litapendeka ndipo udatha kutada. Anthu 69 ndiwo adauyamba. Pofika pakati pa ulendo, aŵiri okha ndiwo adali patsogolo: Abebe ndi Rhadi Ben Abdesselam wa ku Morocco. Mdima utagwa, adaloŵa mu mseu wakalekale wa Appia umene Aroma adaumanga ndi miyala. M'mbali mwa mseuwo mudaima asilikali a Italy atanyamula miuni younikira othamangawo. Aŵiriwo adathamanga phewa ndi phewa kwa makilomita ambiri, wina osalola kutsalira mnzake.

Atatsala pang'ono kufika kumapeto adadutsa pa chipilala cha Axum, chuma cha makolo a Abebe chimene chidaima m'dziko la eni. Kutsogolo kwakeko Abebe adaonjezera liŵiro, ndipo Rhadi adalephera kumtsata. Abebe adafika yekha pa chipata chachikulu chamiyala cha Constantine, pamene padali pothera mpikisano. Adatha mtunda wonse m'maola 2, mphindi 15 ndi masekondi 16. Padalibe munthu wina aliyense amene adathamangapo marathon mofulumira chotero. Rhadi adafika patapita masekondi 25, ndipo wachitatu adali Barry Magee wa ku New Zealand.

Mbiriyi idawanda ponseponse. Chaka chimenecho maiko 17 a mu Africa adalandira ufulu wodzilamulira, ndipo Aafrika ambiri adanyadira kupambana kwa Abebe ngati kwao komwe. Atabwerera ku Addis Ababa, namtindi wa anthu udakamchingamira. Mfumu Haile Selassie idampatsa nyota yaulemu ndi kumkweza kukhala kopolo. Koma chimwemwecho chidatsala pang'ono kusanduka chisoni. Mu Disembala chaka chomwecho, mfumu ili pa ulendo ku Brazil, akuluakulu a gulu lolondera mfumu adayesa kulanda boma, koma adalephera. Popeza Abebe adali wa gulu limenelo, nayenso adagwidwa. Atamfunsa adammasula, chifukwa sadampeze ndi mlandu.

Ulemu sudamchititse ulesi. M'chaka cha 1961 adapambana mipikisano ya marathon ku Athens, ku Osaka m'dziko la Japan ndi ku Košice m'dziko limene panthaŵiyo linkatchedwa Czechoslovakia. Komabe si nthaŵi zonse zinthu zinkamuyendera. M'chaka cha 1963 adapikisana nao ku Boston m'dziko la America. Adatsogola mtunda wautali, koma chakumapeto miyendo idamkana ndipo adathera pa nambala 5. Ena adayamba kunena kuti nthaŵi yake yatha. Iye sadakangane nao, koma adabwerera ku mapiri a kwao kukakonzekera maseŵera a Olimpiki a ku Tokyo.

Maseŵerawo atayandikira, Abebe adamva kupweteka kwambiri m'mimba ali mkati mothamanga. Madokotala adapeza kuti kachiŵalo kena ka m'matumbo kotchedwa apendikisi katupa, ndipo pa 16 Seputembala 1964 adamchita opaleshoni. Kudali kutatsala masabata asanu okha kuti mpikisano uchitike. Ambiri adaganiza kuti sakathamanga. Koma bala lisanapole kwenikweni, iye adayamba kuthamanga pang'onopang'ono pa bwalo la chipatala usiku.

Pa 21 Okutobala 1964 Abebe adaimanso pa mzere woyambira ku Tokyo, ulendo uno atavala nsapato. Sadapupulume. Adalola ena kutsogola, kenaka adaŵapeza mmodzimmodzi, ndipo pofika pakati pa mpikisano adali patsogolo yekha. Adaloŵa m'bwalo la maseŵera anthu zikwizikwi akumuombera m'manja. Nthaŵi yake idali maola 2, mphindi 12 ndi masekondi 11, ndipo apanso adaposa onse amene adathamangapo mtunda umenewu. Chimene chidadabwitsa anthu koposa nchakuti atamaliza sadadzigwetse pansi ndi kutopa, koma adapita pa kapinga nayamba kuchita maseŵera oongola thupi. Wachiŵiri, Basil Heatley wa ku Britain, adatulukira patapita mphindi zinayi, ndipo wachitatu adali Kokichi Tsuburaya wa ku Japan. Abebe adakhala munthu woyamba kupambana marathon ya Olimpiki kaŵiri. Kwao adamkweza kukhala lefitenanti.

M'chaka cha 1968 adapita ku Mexico City kukayesa kachitatu. Panthaŵiyi adali ndi zaka 36 ndipo adali atavulala mwendo. Adauyamba mpikisano, koma ululu utakula adalekeza asanafike pakati. Ngakhale zidali choncho, mendulo ya golide idapitabe ku Ethiopia, chifukwa amene adapambana adali Mamo Wolde, msilikali mnzake amene ankathamanga naye kwa zaka zambiri. Atabwerako, Abebe adapatsidwa udindo wa kaputeni.

Akuluakulu adati tsoka silinunkha. Usiku wina mu Malichi 1969 Abebe akuyendetsa galimoto lake la mtundu wa Volkswagen, galimotolo lidagubuduzika. Iye adapanikizika m'katimo mpaka m'maŵa pamene anthu adampeza. Adali atavulala fupa la m'khosi, ndipo thupi lake lidafa ziŵalo kuyambira m'khosi mpaka kumapazi. Boma lidamtumiza ku chipatala cha Stoke Mandeville ku England, chimene chidali chodziŵika pothandiza anthu ovulala msana. Adakhala kumeneko miyezi isanu ndi itatu. Manja ake adayambanso kugwira ntchito, koma miyendo, imene idamtchukitsa pa dziko lonse lapansi, sidayendenso.

Munthu wina akadataya mtima pomwepo, koma Abebe adafunafuna chimene akadatha kuchita ndi ziŵalo zimene zidamtsalira. Ali pa mpando wake woyenda ndi mateyala adaphunzira kuponya mivi ndi uta ndiponso kuseŵera tenesi ya patebulo. M'chaka cha 1970 adapikisana nao pa maseŵera a anthu olumala a ku Stoke Mandeville. Chaka chotsatira adaitanidwa ku Norway, dziko lozizira kwambiri, kumene adaloŵa mpikisano wa tingolo topanda mateyala tokokedwa ndi agalu pa chipale chofeŵa. Ngakhale maseŵeraŵa adali achilendo kwa iye, adapambana. M'chaka cha 1972 adapita ku maseŵera a Olimpiki a ku Munich ngati mlendo wolemekezeka, ndipo anthu m'bwalo adaimirira kumuombera m'manja.

Abebe Bikila adamwalira ku Addis Ababa pa 25 Okutobala 1973 ali ndi zaka 41, magazi atakha mu ubongo mwake. Adasiya mkazi ndi ana anayi. Adaikidwa m'manda mwaulemu wa asilikali, ndipo pa maliro ake padafika chikhamu cha anthu pamodzi ndi Mfumu Haile Selassie yomwe. Bwalo lina la maseŵera mumzindawo lidatchedwa dzina lake.

Njira imene adalambula idadutsamo ambiri. Miruts Yifter adalandira mamendulo aŵiri a golide ku Moscow m'chaka cha 1980. Derartu Tulu adapambana mpikisano wa mamita 10,000 ku Barcelona m'chaka cha 1992, nakhala mkazi wakuda woyamba wa mu Africa kulandira golide wa Olimpiki. Fatuma Roba adapambana marathon ya akazi ku Atlanta m'chaka cha 1996, ndipo Haile Gebrselassie adapambana mamita 10,000 m'zaka za 1996 ndi 2000. Nacho chipilala cha Axum chidabwezedwa ku Ethiopia m'chaka cha 2005. M'chaka cha 2010, pokumbukira kuti padapita zaka 50 chipambanire Abebe, Siraj Gena wa ku Ethiopia adavula nsapato atatsala pang'ono kupambana marathon ya ku Rome, namaliza mpikisanowo ndi mapazi okhaokha.

Anthu ambiri amakumbukira Abebe chifukwa chothamanga wopanda nsapato. Koma chimene chidampambanitsa chidali kukonzekera kwa zaka zambiri m'mapiri, kumvera mphunzitsi wake, ndi mtima wosagonja. Mtima umenewu ndiwo udamdzutsa atagonja ku Boston, atachitidwa opaleshoni, ndiponso atalumala. Paja makolo athu adati kanthu nkhama, phwiti adakwatira njiŵa.

Mafunso

1. Kodi Abebe Bikila adabadwira kuti, ndipo m'chaka chanji?
2. Nchifukwa chiyani anthu okulira m'malo okwera amatha kuthamanga nthaŵi yaitali osatopa?
3. Fotokozani chifukwa chimene Abebe adathamangira wopanda nsapato ku Rome.
4. Kodi chipilala cha Axum chidapezeka bwanji mumzinda wa Rome?
5. Tchulani zinthu ziŵiri zimene zidadabwitsa anthu pa mpikisano wa ku Tokyo.
6. Nanga Abebe adachita chiyani atatuluka m'chipatala cha Stoke Mandeville?
7. Perekani matanthauzo a mau aŵa: kufunkha, befu, namtindi, kuchingamira, kupupuluma.