Ying Ruocheng: Wandende Amene Anasewera Ngati Mkulu wa Ndende

Ying Ruocheng anabadwira ku Beijing m'dziko la China pa 21 Juni 1929, m'banja lodziwika la Akatolika a mtundu wa Manchu. Agogo ake, a Ying Lianzhi, ndiwo anayambitsa nyuzipepala ya Ta Kung Pao m'chaka cha 1902, nathandizanso kukhazikitsa sukulu yaukachenjede ya Katolika ya Fu Jen m'chaka cha 1925. Atate ake, a Ying Qianli, anali mphunzitsi pa sukulu yomweyo.

Ali mnyamata anatumizidwa ku St Louis College mu mzinda wa Tianjin, sukulu ya Abulazala, kumene anadziwa Chingerezi bwino lomwe. Pambuyo pake anaphunzira pa sukulu yaukachenjede ya Tsinghua. Kumeneko anakonda masewero, nakomananso ndi Wu Shiliang, amene anadzakhala mkazi wake. Kumapeto kwa 1948, Akomyunisiti ali pafupi kulanda Beijing, atate ake anapita ku Taiwan. Ying anatsala, ndipo awiriwo sanaonanenso.

Atatsiriza maphunziro analowa gulu la masewero la Beijing People's Art Theatre, natchuka m'sewero la Teahouse la Lao She m'chaka cha 1958. Koma Chingerezi chomwecho chinamtchera msampha. Alendo akunja ankakonda kucheza kwake, ndipo boma linkafuna kuti azikanena zimene alendowo alankhula. Iye anachitadi zimenezo, monga anadzaululira yekha ataakalamba. Komabe sizinampulumutse. M'chaka cha 1968, pa nthawi ya chipwirikiti cha Cultural Revolution, iye ndi mkazi wake anamangidwa powaganizira kuti ndi akazitape, ana awo awiri natsala opanda wowalera. Anakhala m'ndende zaka zitatu. Atate ake anamwalira ku Taiwan m'chaka cha 1969 iye akadali m'ndendemo.

Atamasulidwa mu 1971, zaka zinapitapo asanabwerere ku ntchito yake. Koma dziko litatsegula zitseko, Chingerezi chija chinasanduka mlatho. Mu 1982 anasewera ngati mfumu Kublai Khan m'sewero la pa wailesi yakanema la Marco Polo. Mu 1983 anamasulira m'Chitchaina sewero la Death of a Salesman, nkhani ya bambo wolephera ndi ana ake aamuna awiri. Mwini wake, Arthur Miller, anabwera ku Beijing kudzalitsogolera, ndipo Ying anasewera ngati bamboyo. Kuyambira 1986 mpaka 1990 anali wachiwiri kwa nduna yoona za chikhalidwe.

Chodabwitsa chinachitika mu 1987. M'kanema wa Bernardo Bertolucci wotchedwa The Last Emperor, munthu uja amene anagona m'ndende anapatsidwa mbali ya mkulu wa ndende woyang'anira mfumu Puyi. Anamuonetsa ngati munthu wolimba koma wachilungamo, amene pamapeto pake nayenso achititsidwa manyazi m'misewu pa nthawi ya chipwirikiti chomwe chija. Chaka chomwecho mkazi wake anamwalira.

Ali chigonere ndi nthenda ya chiwindi, anafotokozera Claire Conceison mbiri ya moyo wake, osabisa za ndende kapena za alendo amene ankawanena kuboma. Anamwalira ku Beijing pa 27 Disembala 2003, ali ndi zaka 74. Bukulo, Voices Carry, linasindikizidwa iye atapita kale.