Alexander Graham Bell: mphunzitsi wa ogontha ndi waya wa lamya

Ambirife timamudziwa Alexander Graham Bell ngati yankho la funso la pa mayeso lakuti adapanga lamya ndani. Koma mwini wakeyo ankadziona ngati mphunzitsi wa anthu osamva, ndipo luso lake lonse lidachokera pa kuphunzira mawu.

Adabadwira ku Edinburgh, m'dziko la Scotland, pa 3 Marichi 1847. Bambo ake ankaphunzitsa kalankhulidwe, pomwe mayi ake anali ndi vuto la kumva. Abale ake awiri atamwalira ndi chifuwa chachikulu, banjali lidasamukira ku Canada mu 1870, ndipo chaka chotsatira Bell adayamba kuphunzitsa ana ogontha ku Boston. Mmodzi mwa ophunzira ake, Mabel Hubbard, adadzakhala mkazi wake mu 1877.

Masana ankakhala m'kalasi, usiku n'kumalimbana ndi mawaya. Poyamba sankafuna lamya ayi. Ankafuna njira yotumizira matelegalamu angapo pa waya mmodzi nthawi imodzi, uthenga uliwonse pa liwu lakelake. Oimba kwayafe tikudziwa kuti besi ndi sopurano zimamveka pamodzi m'chipinda chimodzi, koma khutu limatha kuzisiyanitsa. Ali mkati mwa ntchito imeneyi ndi womuthandiza, Thomas Watson, adazindikira kuti waya atha kunyamulanso mawu a munthu. Adalandira chiphaso cha umwini pa 7 Marichi 1876, ngakhale Elisha Gray adakapereka mapepala a chipangizo chofanana tsiku limodzi ndi iye, ndipo anthu amatsutsanabe za amene adayamba.

Lamya idatchuka, koma ganizo loyamba lija ndi limene lidadzathandiza intaneti ya m'nyumba. Mabanja atayamba kulumikiza makompyuta m'zaka za m'ma 1990, modemu inkachita kuimba foni ngati munthu, n'kumatumiza uthenga pa mawu olira ngati nyenje. Liwiro silinkapitirira makilobiti 56 pa sekondi, ndipo wina akakhala pa intaneti, foni ya m'nyumba inkakhala yotseka. Kenaka kudabwera ADSL. Mawu a munthu pa lamya sapitirira mahezi 4,000, pamene waya wa kopa amatha kunyamula ochuluka zedi. Choncho intaneti adaiika pamwamba, kuyambira mahezi pafupifupi 25,000 mpaka kupitirira 1 miliyoni, n'kulumikiza kasefa kakang'ono kolekanitsa ziwirizi. Besi kwake, sopurano kwake, waya yemweyo. N'chifukwa chake mabanja ambiri ankalipirabe laini ya foni ngakhale sankaimbirapo. Nayenso waya wopotana awiriawiri, amene amachepetsa phokoso pa laini, Bell adamulembetsa mu 1881.

Chipangizo chimene iye ankachinyadira koposa chinali china. Mu 1880, pamodzi ndi Charles Sumner Tainter, adatumiza mawu pa kuwala kwa dzuwa mtunda wa mamita oposa 200. Mitambo inkachilepheretsa, ndiye sichidapite patali. Lero kuwala kumadutsa mu ulusi wagalasi wa faiba, ndipo zinthu zatembenuka: m'maiko ngati Britain, foni ya m'nyumba ndi imene ikukwera pa intaneti. Pali chotayika, chifukwa laini yakale inkalandira mphamvu kuchokera ku kampani ya lamya, pamene yatsopanoyi imazima magetsi akathima ngati palibe batire.

Ngati aphunzitsi a mawa, pali mbali ya moyo wake imene sitingaibise. Bell ankalimbikira kuti ana ogontha aphunzire kulankhula ndi kuwerenga milomo, osati chinenero chamanja, ndipo mu 1883 adachenjeza za maukwati a ogontha okhaokha. Dzina lake lidapereka mphamvu ku sukulu zimene zinkaletsa ana kulankhula ndi manja kwa zaka zambiri. Apa tikuona kuti adalakwitsa, ngakhale anali munthu yemweyo amene adalozera makolo a Helen Keller ku sukulu ya Perkins, kumene kudachokera mphunzitsi wake, Anne Sullivan.

Bell adamwalira pa 2 Ogasiti 1922 kunyumba kwake ku Nova Scotia, ali ndi zaka 75. Pa tsiku la maliro ake, matelefoni a ku United States ndi Canada adakhala chete kwa mphindi imodzi.