Ahmed Abdul-Malik, Woimba Oud wa ku Brooklyn

Ahmed Abdul-Malik anabadwa pa 30 Januwale 1927 ku Brooklyn, mu mzinda wa New York, ndipo dzina lace la paubwana linali Jonathan Tim. Makolo ace anacokera ku cisumbu ca St. Vincent. Iye mwini ankauza anthu kuti atate wace anali a ku Sudan, ndipo olemba mabuku anamkhulupirira kufikira caka ca 2012, pamene wolemba mbiri Robin Kelley anaulula coonadi. Linali bodza ndithu, koma bodza la munthu wolakalaka kukhala ndi kwao mu Afirika.

Ali mwana anaphunzira vayolini, pambuyo pace besi, coimbira cacikuru conga babatoni. Atakula analowa Cisilamu nalandira dzina latsopano. Pa mseu wa Atlantic Avenue panali masitolo a anthu a ku Syria ndi Lebanon, ndipo iye ndi bwenzi lace Randy Weston ankapitako kukamva nyimbo zao. Motero anakonda oud.

Oud ndi coimbira ca nsambo, ca mimba yonga cipanda codulidwa pakati. Khosi lace ndi lalifupi ndiponso losalala, lopanda timipiringidzo tija ta pa gitala, kotero cala cimaima pamene mwini wace afuna. Nkhani yonse yagona pamenepa, pakuti m'nyimbo za Aluya muli mau ena okhala pakati pa makiyi awiri oyandikana a piyano, amene limba la m'chalichi silingawachule. Mphunzitsi ali yense amene anayesapo kulemba nyimbo ya pamtondo m'zizindikiro za do, re, mi adziwa umo mau otere amapulumukira. Besi nayonso iribe timipiringidzo, ndipo khutu la Abdul-Malik linali lozolowera kale. Anaonanso kuti Mluya ndi woimba jazi onse awiri amapeka nyimbo ali mkati moimba.

M'caka ca 1958, akuimbira besi Thelonious Monk ku Five Spot, anajambulitsa mbale ya galamafoni yochedwa Jazz Sahara. Anaitana Naim Karacand wa ku Aleppo ndi vayolini yace, anaika kanun ndi ng'oma ya darabuka, ndipo pakati pao anaimikapo Johnny Griffin ndi sakisofoni. Malipenga a jazi anazolowera kutsata mau osinthasintha a piyano. Apa piyano panalibe, ndipo Griffin anayenera kuyenda mu mzere umodzi wa mau, umene Aluya amaucha maqam. Mbale ya East Meets West inatsatira mu 1960, ndipo yotsiriza m'dzina lace, Spellbound, mu 1964.

Zaka zace zotsala anazipereka makamaka ku uphunzitsi, m'masukulu a ana a ku New York ndi pa New York University. Anamwalira pa 2 Okutobala 1993 ku Long Branch, New Jersey, ali ndi zaka 66.