Vivien Leigh ndi Mtolo wa Blanche DuBois

Nditaonera filimu ya *A Streetcar Named Desire* m'phunziro la zisudzo, ndinatsala ndi funso: kodi mayi amene ankasewera ngati Blanche DuBois ankangochita sewero, kapena ankavutikadi mumtima? Funsoli ndi lomwe linandichititsa kufufuza mbiri yake.

Vivien Leigh anabadwira ku Darjeeling, m'dziko la India, m'chaka cha 1913, koma anakulira ku Ulaya. Anatchuka mu 1939 ndi filimu ya *Gone with the Wind*, imene inamupezetsa mphotho ya Oscar. Mu 1940 anakwatiwa ndi katswiri wa zisudzo, Laurence Olivier.

Sewero la *Streetcar*, lolembedwa ndi Tennessee Williams, linayamba kuonetsedwa ku New York mu 1947, ndipo Blanche anali Jessica Tandy. Leigh anasewera gawo lomwelo ku London mu 1949 motsogozedwa ndi mwamuna wake. Kampani ya Warner Bros. itaganiza zojambula filimu, wotsogolera, Elia Kazan, anatenga Marlon Brando, Kim Hunter ndi Karl Malden a ku New York aja, koma Tandy anasiyidwa. Brando anali asanadziwike m'mafilimu, choncho eni ndalama anafuna dzina lokopa anthu.

Poyamba ndinaona ngati Tandy analakwiridwa. Komabe kusankhaku kunathandiza filimuyi. Leigh, wophunzira zisudzo ku England, anafika ngati mlendo pakati pa anthu ozolowerana kale, monga momwe Blanche amafikira kunyumba kwa mng'ono wake ku New Orleans. Filimuyi itatuluka mu 1951, Leigh analandira Oscar yachiwiri. Hunter ndi Malden nawonso anapambana, koma Brando anagonja kwa Humphrey Bogart.

Kuseri kwa ulemuwo kunali matenda. Leigh ankadwala chifuwa chachikulu komanso matenda a maganizo, ndipo kwa miyezi yambiri anakhala akusewera ngati mayi wosokonezeka mutu. Mu 1953 anadwala kwambiri akujambula *Elephant Walk* ku Ceylon, moti Elizabeth Taylor analowa m'malo mwake. Banja lake linatha mu 1960, ndipo anamwalira ku London mu 1967 ali ndi zaka 53.

Yankho lomwe ndapeza ndi lakuti zonse ziwiri n'zoona: luso linalipo, ululu unaliponso. Ife ophunzira zisudzo tizikumbukira kuti wosewera amapita kwawo ndi mtolo umene owonerera amausiya pakhomo.