Louis Hachette, Mphunzitsi Amene Sanapatsidwe Kalasi

Ife amene tikusulidwa zauphunzitsi timadziona kale titagwira choko pamaso pa ana. Louis Hachette nayenso ankadziona choncho. Anabadwa mu 1800 ku Rethel, m'dziko la France, ndipo mu 1819 analowa École normale, sukulu yosulira aphunzitsi ku Paris. Mu 1822 boma linatseka sukuluyi poiganizira kuti ikufesa maganizo otsutsa olamulira. Mnyamata uja anangotsala padzuwa: nzeru zilipo, kalasi palibe.

Mu 1826 anagula kasitolo ka mabuku mumsewu wa Pierre-Sarrazin ku Paris komweko, nayamba kufalitsa mabuku a sukulu. Mu 1832 anayambitsa magazini ya aphunzitsi apulayimale yotchedwa Manuel général de l'instruction primaire. Chaka chotsatira, nduna ya zamaphunziro François Guizot inakhazikitsa lamulo lokakamiza madera kuti akhale ndi sukulu zapulayimale. Sukulu zinayamba kuchuluka, koma ana awerenga chiyani? Ife amene tinaunjikanapo anayi pa buku limodzi tikulidziwa bwino vutoli. Hachette anali atakonzeka kale. Mu 1835 boma linaoda kwa iye timabuku 500,000 tophunzitsira zilembo, kuphatikiza ena a masamu, jogalafe ndi mbiri ya France. Munthu amene boma linamutsekera khomo la uphunzitsi anayamba kuligulitsa mabuku boma lomwelo.

Kenako anatembenukira kwa apaulendo. Ku England, kampani ya W. H. Smith inkagulitsa mabuku m'masiteshoni a sitima, ndipo Hachette anatengera nzeruyo. Kuyambira mu 1852 anapangana ndi makampani a njanji kuti atsegule timasitolo m'masiteshoni awo, natulutsa timabuku totchipa, tosavuta kunyamula. Mtundu wa chikuto unkasonyeza zimene zili mkati. Ta ana tinali ta pinki, ndipo m'gulu limeneli ndi mmene nthano za Comtesse de Ségur zinatchukira.

Apa ndi pamene sitingamuombere m'manja mokwanira. M'masiteshonimo wogulitsa anali iye yekha, choncho buku limene kampani yake yalikana silinkafika kwa wokwera sitima. Ofalitsa anzake anadandaula kwambiri, ndipo ife tikuona kuti sankanama. Si nkhani yaing'ono kuti munthu mmodzi azisankha zimene mwana awerenge m'kalasi komanso zimene bambo ake awerenge m'sitima, ngakhale munthuyo atakhala ndi mtima wabwino.

Komabe mtima wa uphunzitsi sunamuchokere. Kwa zaka zoposa 20 analeza mtima ndi mnzake wa kusukulu, Émile Littré, amene ankalemba dikishonale yaikulu ya Chifalansa. Zigawo zoyamba zinatuluka mu 1863. Hachette anamwalira pa 31 July 1864, ntchitoyo isanathe, ndipo kampani yake inapitiriza kuisindikiza mpaka inatha m'ma 1870.