W.K.L. Dickson, Wojambula Maperete a Asilikali

William Kennedy Laurie Dickson anabadwira ku France pa 3 Ogasiti 1860. Mu 1883 anayamba ntchito kwa Thomas Edison ku America, ndipo ndiye anatsogolera ntchito yopanga Kinetoscope, bokosi lomwe munthu mmodzi ankasuzumiramo nʼkuona zithunzi zikuyenda. Anasiyana ndi Edison mu 1895, ndipo mu 1897 anasamukira ku London kukajambulira kampani ya Biograph.

Makanema a masiku amenewo analibe mawu, ndipo ambiri ankatha mphindi imodzi yokha. Kamera ya Biograph inali yolemera kwambiri, yoyendera mabatire. Inkafuna chinthu chodziwika nthawi ndi malo ake, chodutsa kutsogolo kwake dzuwa likuswa mtengo. Perete wa asilikali anali wotero ndendende, nʼchifukwa chake makanema ambiri oyambirira anali a asilikali akuguba.

Nkhondo ya Angerezi ndi Mabunu itayamba mu Okutobala 1899, Dickson anapita ku South Africa pa sitima ya Dunottar Castle, momwe munalinso Winston Churchill. Ankayenda ndi kamera yake pangolo. Kumenyana kwenikweni kunkachitikira patali, choncho zambiri zomwe anthu anaonera ku Palace Theatre ku London zinali mizere ya asilikali, akavalo ndi mizinga. Komabe Angerezi atagonja pa Spion Kop mu Januwale 1900, anajambula ngolo za ovulala zikuoloka mtsinje wa Tugela.

Chaka chomwecho asilikali a dziko lino a Central Africa Regiment anatumizidwa kunkhondo ya Ashanti, komwe lero ndi Ghana. Njira yotulukira mʼdziko muno inali mtsinje wa Shire, kudzera ku Chiromo ndi Port Herald, yomwe tsopano ndi Nsanje, mpaka ku Chinde. Maso a oonera makanema anali ku South Africa, osati pa anyamata athuwa.

Mu 1901 Dickson anasindikiza buku la ulendo wake, The Biograph in Battle. Anamwalira ku Twickenham pa 28 Seputembala 1935. Makanema ake amatikumbutsa kuti kamera imaona komwe yalozedwa basi. Mukamaonera asilikali akuguba pa foni yanu, dzifunseni kuti amene sanajambulidwe ndani, nanga anabwerako angati.