Daniel Kachamba anasakaniza kale, ife tikungodabwa za eni

Ena mwa inu amene mumathera bando pa YouTube mwina munamuonapo Anouar Brahem wa ku Tunisia akuimba oud, choimbira cha zingwe cha Aluya chokhala ndi mimba ngati chipanda, limodzi ndi akatswiri a jazz. Zimakoma, sindikukana. Ngakhale ku America, Ahmed Abdul-Malik anayamba kale zosakaniza oud ndi jazz m'chimbale chake cha 1958, Jazz Sahara. Chimene chimandiwawa n'choti timaombera m'manja za eni, pamene munthu wathu amene anachita zofanana ndi zomwezi sitikumudziwa.

Ndikunena malemu Daniel Kachamba, wa m'mudzi mwa Singano ku Chileka, amene anabadwa mu 1947. Ali mwana, banja lawo linakhalako ku Salisbury, komwe lero ndi Harare. Kumeneko n'kumene iye ndi mng'ono wake Donald anamva kwela, nyimbo ya m'misewu ya ku Joni yoimbidwa ndi kachitoliro kachitsulo, imene anthu ngati Spokes Mashiyane anaipanga potengera jazz ya Amereka akuda.

Atabwerera kumudzi sanangokopera. Donald ankaliza chitoliro, wina n'kumakoka besi ya chingwe chimodzi chomangirira pa bokosi, Daniel ali pa gitala. Koma gitalayo, abale! Ankaichuna m'njira zakezake, chala chachikulu chikuyendetsa besi, cholozera chikuimba nyimbo, moti womva ali kuseri ankayesa kuti ndi anthu awiri. Kwela, sinjonjo, rumba, zonse ankaziviika m'Chichewa ndi m'kaimbidwe ka kwathu mpaka zinasanduka zake. Apa mpamene ndimamufanizira ndi a oud aja: sanasiye zakwawo kuti alowe mu jazz, anaikokera jazzyo pakhomo.

Mu 1967 katswiri wofufuza za nyimbo wa ku Austria, Gerhard Kubik, anawapeza anyamatawa akuimba mumzinda wa Blantyre n'kuyamba kuwajambula. Pofika 1972 anali atakaimba ku Germany. Kwathu kuno anthu anayamba kumutchula kuti Dokotala Kachamba, ndipo nyimbo zake zinkamveka pa MBC. Anamwalira mu 1987 ali ndi zaka 40 zokha. Donald anapitiriza gululo mpaka nayenso anatisiya mu 2001.

Pano pa Chimbiya, pamene mabasi a mumsewu wa M1 amaima kuti anthu agule nyama ya nkhumba ndi mbatatesi, masipika salekeza tsiku lonse. Ndinayendapo m'timashopu toika nyimbo m'mafoni kufunsa za Kachamba. Amapiano anali mbwee, za ku Nigeria osanena, koma mnyamata wina anandifunsa ngati Kachambayo ndi woimba watsopano. Ambiri mwa oimba athu amene akufunafuna kamvekedwe kosonyeza kuti ndi Amalawi sanakhalepo pansi kumvetsera m'mene chala chachikulu chija chinkayendera, chikhalirecho zina mwa zimene Kubik anajambula zili pa YouTube pomwepo, pafupi ndi Brahem.